Dzina loti Nevaeh ndi la chilankhulo chanji abale?

Nachisale25: Odi muno pagulu. Ndithandizeni inu ophunzira. Mng'ono wanga uja ali ku Leeds wachira, mwana wamkazi, onse ali bwino tikuthokoza Mulungu. Koma dzina lomwe amutcha ndi lomwe latizunguza mutu kuno, akuti Nevaeh. Ndalemba mmene wanditumizira pa WhatsApp, N-e-v-a-e-h. Ndamufunsa kuti limatanthauza chani wangoti ndikuuzani tikaimbirana, nde mukudziwa munthu woti wangochira kumene, mpaka pano zii. Amayi kumudzi ku Mitundu akupanikiza ine ngati ndinalipo potcha, atamva akuti "Nineve? mzinda wa Yona uja?" Alipo akulidziwa dzinali? Ndi Chiheberi kapena chani?

Mfana wa ku Ndirande: Nivea?? mafuta odzola aja? kkkkkk mwana akhala wosalala ameneyo

Mai a Tadala: Zabwino zonse mai aakulu, Mulungu amukuze mwanayo. Iwe wa ku Ndirande usayambe zako mmawa uno. Ine ndalisaka pa Google koma zikundisokoneza, tsamba lina likuti ndi Chiheberi, lina likuti ndi gulugufe m'chilankhulo china cha ku Ulaya, lina likungoti kumwamba. Kaya zoona ndi ziti

Sisi wa ku Manchester: A Nachisale tengani bolopeni ndi pepala. Lembani mawu achizungu aja oti heaven, kumwamba kuja. Kenako muwawerenge chafutambuyo kuyambira chilembo chomaliza. n, e, v, a, e, h. Basi dzina ndi limenelo palibe Chiheberi apa. Kuno amalitchula kuti Neveya, kukoka pa ve paja. Kusukulu kwa mwana wanga aliko wina wake

Nachisale25: Aaaaa!! ndalemba pa katoni ya shuga zoonadi. Koma Mulungu wanga anthu awa. Nde kungotembenuza basi?

Mfana wa ku Ndirande: nde ifenso tiyeni, kumwamba chafutambuyo ndi Abmawmuk. wina atche mwana wake tione ngati abusa angakwanitse tsiku la ubatizo

Wa ku Joni: Abmawmuk akumveka ngati sitolo ya munthu wa ku Somalia pa Mayfair kkkk

Aphunzitsi Opuma: Moni nonse. Asisi a ku Manchester anena zoona, ndingowonjezera mbiri yake poti dzinali ndi limodzi mwa maina ochepa amene tingathe kuloza chaka chenicheni chimene linafalikira. Ku America kuli nthambi ya boma yotchedwa Social Security Administration imene imasunga maina a ana onse obadwa chaka ndi chaka. M'chaka cha 1999 dziko lonse lija ana aakazi otchedwa Nevaeh analipo 8 okha. M'chaka cha 2000 woimba wina dzina lake Sonny Sandoval, wa gulu la P.O.D. la ku San Diego ku California, anaonekera pa kanema wa MTV atanyamula khanda lake lalikazi, nanena kuti dzina lake ndi Nevaeh, kumwamba kolembedwa chafutambuyo. Anthu anangoti mbwee. Pofika 2001 dzinali linali litalowa kale m'gulu la maina 1,000 otchuka, linalowera pa nambala 266, chinthu chosachitikachitika kwa dzina latsopano. Mu 2005 ana 4,457 anapatsidwa dzinali, linali pa nambala 70, kuposa ngakhale Vanessa ndi Amanda. Linakwera mpaka nambala 25 mu 2010 kenaka linayamba kutsika pang'onopang'ono. Ndiye onani, ana 8 aja a 1999 akusonyeza kuti woimbayo si amene analipeka, analipo ena amene analiganiza kale, iye anangolibukitsa. Za gulugufe ndi Chiheberi zija ndi zongomata, masamba a maina aja safuna kuvomera kuti dzina lilibe mizu yakale ndiye amalipezera makolo abodza.

Mai a Tadala: Eee aphunzitsi mwatitsegula mmaso. Nde ku America ndi dzina wamba ngati Chisomo kuno, kwathu kuno nkomwe ndi lachilendo

Aphunzitsi Opuma: Ndithu mayi. Ndipo za Nivea za mnyamata wa ku Ndirande uja sizikukhudzana mpang'ono pomwe. Mafuta aja ndi a kampani ya Beiersdorf ya ku Hamburg ku Germany, anayamba mu 1911, dzina lake linachokera ku Chilatini, kunena chinthu choyera mbee. Kungofanana kamvekedwe basi.

Mfana wa ku Ndirande: aphunzitsi inu nenani zonsezo koma pa Mitundu mwana ameneyu ndi Niveya basi, tibetcherane

Mai wa Chigwirizano: Ine pepani ndilankhule zosakomera ena. Ndakhala ndikuwerenga mwakachetechete koma mtima wanga sukuvomera. Chinthu ukachitembenuza chimakhala chosemphana ndi chomwe chinali. Ukatembenuza kuwala umapeza mdima, nanga ukatembenuza kumwamba upeza kuti? Mukudziwa nonse kuti anthu a zamdima aja zinthu zawo amachita chozondoka, mtanda chadodolido, pemphero chafutambuyo. Dzina ndi lolemera abale, limamutsata mwana moyo wake wonse. Ngati amafuna kumwamba bwanji osangoti Heaven poyera? chobisira nchani? A Nachisale muuzeni mng'ono wanuyo aganize bwino nthawi ikadalipo

Nachisale25: Eish amayi mwandiopsa. Ndipo ndikawauza amayi kumudzi kuti ndi kumwamba kotembenuza anena zomwezi ndikuwadziwa, iwonso ndi a Chigwirizano

Sisi wa ku Manchester: Amayi ndi ulemu wonse, woimba amene aphunzitsi akunenayo ndi mkhristu wodziwika, gulu lawo lonse limadziwika ndi chikhristu, ngakhale dzina loti P.O.D. likuimira Payable on Death kunena za Yesu kulipira machimo athu pa mtanda. Munthu wotero sangatche mwana wake gehena. Ndipo amene ndawaona akutcha dzinali kuno ambiri ndi anthu opemphera, amati mwana wachokera kumwamba kutsika pansi pano nde mawunso akuyenda chotsika

Mai wa Chigwirizano: Ndamuona pa Google mkhristu wanuyo, madiredi mpaka mchiuno, thupi lonse zojambula. Mmmm

Wa ku Joni: Amayi Samisoni naye anali ndi tsitsi losameta kkkk. Koma tisanamizane, zilembo si mizimu. Ukalemba Mulungu chafutambuyo umapeza Ugnulum, sizitanthauza kuti wapeza satana, wangopeza phokoso. Tili ana tinkayankhulana motembenuza mawu kuti akuluakulu asamve zomwe tikupangana, nsima tinkati mansi, nyumba mbanyu, palibe amene anasanduka mfiti

Mfana wa ku Ndirande: nde Tadala akhala Ladata, Chikondi akhala Ndikochi, Mavuto akhala Tovuma. a Tovuma Banda kkkkk ili nde labwino kuposa loyamba

Mai a Tadala: Usamukhudze Tadala wanga iwe

Aphunzitsi Opuma: Achimwene a ku Joni mwakhudza chinthu chimene ine ndikuona kuti ndiye vuto lenileni la dzinali kwa ife, osati za usatana. Taonani mmene munatembenuzira nsima. Simunati a-m-i-s-n, munati ma-nsi, chifukwa khutu la Mchewa limadula mawu m'maphatikizo, silimva zilembo. Nevaeh tanthauzo lake lili m'maso, pa pepala, ndipo pepalalo likhale la Chingerezi. Ukalitchula pakamwa heaven samvekamo ngakhale pang'ono. A Nachisale eni ake anachita kufuna bolopeni ndi katoni ya shuga kuti alione. Pamene maina athu amalankhula okha. Ukamva Mwandida ukudziwa kuti mayiyo anali ndi anthu omuda pamudzi ndipo akuwauza m'maso. Zione, Ndaziona, Ganizani, Lekani, Tiyanjane, Pilirani, onsewa ndi mawu opita kwa munthu wina wake, kwa apongozi, kwa mkazi mnzake wa pamitala, kwa Mulungu. Mayi akaima pakhomo madzulo kuitana mwana kuti Lekaniii, mudzi wonse wamva uthenga ndipo mwini nkhani wadzidziwa. Agogo a ku Mitundu akamaitana Neveya palibe chimene iwo eni akumvapo. Ndi pomwe ine ndikuwamvera chisoni.

Nachisale25: Aphunzitsi mwanena zomwe zimandivuta kufotokoza. Amayi sanapite patali ndi sukulu, Baibulo la Chichewa amawerenga bwinobwino koma heaven samudziwa. Ndipo chikuwawawa kwambiri si tanthauzo, nchoti sanafunsidwe. Ife tonse anatitcha ndi agogo athu tikutuluka mchikuta mchombo utagwa, wotcha dzina amabwera ndi kankhuku kapena kandalama. Uyu mwana dzina linalipo mimba ili ndi miyezi isanu, analemba kale pa keke

Mai wa Chigwirizano: Apo nde mwalasa. Kutcha mwana asanabadwe kwathu kunali kulaula. Umadziwa bwanji kuti afika?

Sisi wa ku Manchester: Koma tiwamvetsenso anzathu ali kuno. Ku England lamulo limati mwana alembetsedwe pasanathe masiku 42, ku Scotland ndi masiku 21 okha, ndipo popanda setifiketi sungayambe za pasipoti kapena china chilichonse. Kuchipatala akakutulutsa uli wekha mnyumba ndi mwamuna wako amene mwina akupita ku naiti, kulibe chikuta kulibe azakhali obwera ndi nkhuku. Ndiye munthu umakonzekeratu. China chomwe simukuchiona muli kumudzi, ifeyo timaganiziranso kuti mwana akapita kusukulu mphunzitsi wachizungu atchula bwanji. Wanga ndi Mphatso, amamutcha Em-fatso, ndipo fatso pachizungu ndi kunyoza munthu wonenepa. Anabwera akulira kangapo. Pano amangoti Gift. Nde osamaweruza msanga

Wa ku Joni: Zoona asisi. Kuno ku Home Affairs ndi masiku 30. Ndipo ife tikuseka Nevaeh koma anzathu a ku Zimbabwe ndimagwira nawo ntchito kuno ndi a Godknows, a Nomatter, a Learnmore, a Lovemore, ndipo amayenda nawo monyada maina awo. Ifenso kwathu a Blessings, a Precious, a Gift, a Innocent, azungu eni chilankhulo satchana choncho kawirikawiri, ndi ife tinangotenga Madalitso ndi Mphatso nkuwaveka suti

Che Mangochi: Salamu abale. Ine ndingoti kwa ife Asilamu kutcha mwana dzina la kumwamba si zachilendo, alipo a Jannat, a Firdaus, onsewo ndi maina a paradizo, ndipo sitichita kuwatembenuza. Timatcha pa tsiku lachisanu ndi chiwiri, kumeta tsitsi ndi kuzinga mbuzi. Chiphunzitso chimati mwana ali ndi ufulu wopatsidwa dzina la tanthauzo labwino. Ndiye ngati makolowo mu mtima mwawo akuti kumwamba, cholinga ndi chabwino, ine sindikuonapo tchimo. Kungoti njira yake ndi yokhota

Mbuya wa ku Chipata: Ine ndili kuno ku Zambia koma nkhani ndi imodzimodzi. Ndifunse amai a Chigwirizano, pakati pa mwana wotchedwa kumwamba kotembenuza ndi mwana wotchedwa Misozi, Masauso, Mabvuto, Maliro, Manda, wosenza katundu wolemera ndani? Ine mlongo wanga ndi Misozi chifukwa anabadwa ana awiri atamwalira motsatizana. Makolo athu ankatcha maina oipa dala kuti imfa inyansidwe imusiye mwanayo. Ndikumvetsa chifukwa chake koma munthu wafika zaka 50 akuitanidwabe ndi maliro a abale ake amene sanawaone nkomwe

Mai wa Chigwirizano: Amenewonso sindigwirizana nawo bambo. Mu mpingo timalangiza kuti asinthe. Rakele akumwalira anatcha mwana Benoni, mwana wa chisoni changa, koma Yakobo anakana nati Benjamini, werengani Genesis 35 vesi 18. Yabezi naye amake anamutcha dzina la zowawa mpaka anachita kupemphera kuti Mulungu amuchotsere tsokalo. Nchifukwa chake ndikuti dzina si masewera a zilembo

Wa ku Joni: Poti mwatsegula Baibulo amayi titsegulenso Luka 1. Elizabeti atati mwana akhale Yohane achibale onse anakana, amvekere palibe wachibale wako aliyense wa dzina limeneli, ankafuna Zakariya. Mpaka bambo wake anachita kupempha cholembapo nkulemba. Mwaona? nkhani ya achibale kukana dzina lachilendo ndi yakalekale, ndipo nayonso inathera pa bolopeni kkkk

Mfana wa ku Ndirande: a Joni lero mwalalika, chopereka titumize pa Mpamba kapena Airtel Money?

Mai wa Chigwirizano: Dzina la Yohane linabwera ndi mngelo Gabrieli, silinabwere ndi MTV

Mai a Tadala: kkkkkkk amayi mwawina apa

Aphunzitsi Opuma: Amayi ayankha bwino ndithu. Koma ndikufuna ndiwafunse mwaulemu, mu mpingo mwanu mulibe a Vanessa, a Pamela, a Wendy obatizidwa? Chifukwa amenewonso sanabwere ndi mngelo. Vanessa analipeka ndi mlembi wa ku Ireland Jonathan Swift. Anali ndi bwenzi lake Esther Vanhomrigh, anatenga Van wa ku dzina la bambo ndi Essa wa ku Esther nkulumikiza, naliika mu ndakatulo imene inasindikizidwa mu 1726. Pamela analipeka ndi Philip Sidney wa ku England cha m'ma 1580. Wendy linatchuka ndi sewero la Peter Pan la J. M. Barrie mu 1904, lisanafike seweroli linali losowa kwambiri. Lero palibe gogo amene amadabwa mdzukulu akatchedwa Vanesa, timangoti dzina lachikhristu. Kusiyana kwake ndi Nevaeh ndi zaka basi, lina lakalamba anthu aiwala kuti linapekedwa, lina tikumudziwa ndi nkhope yemwe analibukitsa. Ndipo kutembenuza nakonso si kwa lero. Kwa anthu akuda a ku America kuli anyamata otchedwa Semaj, amene ndi James. Ku Scotland kuli amayi achikulire otchedwa Senga, ambiri kumeneko amati ndi Agnes wotembenuza. Oprah Winfrey kampani yake anaitcha Harpo, dzina lake lomwelo chafutambuyo.

Mbuya wa ku Chipata: Senga? nde kuti a Senga a ku Chama kuno onse ndi a Agnes kkkk

Mfana wa ku Ndirande: ndi Senga Bay yomwe, kuyambira lero ndi Agnes Bay

Aphunzitsi Opuma: Ana inu. Ndimalize za Oprah poti zikutikhudza. Iye anatchedwa Orpah, mpongozi wa Naomi wa m'buku la Rute, yemwe m'Baibulo lathu ndi Olipa, dzina lomwe lija la azakhali athu ambiri. Anthu a kwawo ku Mississippi linkawavuta kutchula, ankasinthanitsa r ndi p, mpaka linakhazikika kuti Oprah. Ndiye pakamwa pa anthu ndi pomwe pamagamula, osati setifiketi.

Wa ku Joni: Ndipo tisamachite ngati kupeka maina tayamba kuonera azungu pa TV. Agogo athu opita ku Wenela ndi ku Salisbury anabwerako ndi ma Fackson, Lackson, Wyson, Dyson, Kenison, kungomata son kumapeto basi dzina latheka. Bingu wa Mutharika anabadwa ali Brightson Webster Ryson Thom, a Muluzi ndi Elson. Ena anangotenga za pa tebulo la bwana, a Supuni, a Foloko, a Tebulo amene, a Fulaye, a Januwale. Kumunsi ku Nsanje a Zuze ndi a Juwawo ndi José ndi João a Chipwitikizi. Palibe anafunsa kuti Chiheberi chake nchani

Aphunzitsi Opuma: Koma muonenso kuti Bingu yemweyo atakula anawataya maina aja nadzitcha lachikuda. Ndipo Dr Banda anatenga Hastings kwa mmishonale wa ku Scotland John Hastings, koma dziko lonse linkamuimbira ndi la Kamuzu, kamuzu kamankhwala kamene amati amayi ake anamwa kuti aone mwana. La tanthauzo lomveka ndi lomwe linagwira mitima.

Mai a Tadala: Ine zomwe zikunditopetsa masiku ano ndi zolumikiza maina a bambo ndi mayi zija. Pa sikelo ukamva nesi akuvutika kuitana umadziwa kuti ndi zomwezo. Makolo okha ndi amene akudziwa kuti chidutswa ichi ndi cha uje ichi cha uje, nde banja likatha mwana amatsala ndi theka la dzina la munthu amene anathawa

Mfana wa ku Ndirande: bambo Maliko mayi Rozi, mwana Maliro. tabwerera pomwe paja a Mbuya kkkkkk

Adimini: Wa ku Ndirande chenjezo loyamba kkk. Abale tibwerere kwa a Nachisale, afunsa kuti akawauze chani amayi kumudzi

Che Mangochi: Akawauze zoona basi. Kuti ndi dzina latsopano la ku America, makolo akutanthauza kumwamba. Za kutembenuza anene okha asadikire kuti gogo akamve kwa mdzukulu wina wa sekondale, zikatero ziwoneka ngati munkabisa

Mai wa Chigwirizano: Ine maganizo anga sanasinthe, sindingatche wanga. Koma mwana wabadwa kale ndipo ndi wa Mulungu, sitingamukane. Chomwe ndingapemphe nchoti agogo apatsidwe mpata atche lawo, lomveka, likalowe pa setifiketi osati longoitanira pakhomo. Ndipo pa ubatizo abusa akatchule onse awiri

Sisi wa ku Manchester: Izi nde zotheka. Ambiri kuno timatero, loyamba la kusukulu lapakati la kumudzi. Ndipo ngakhale atakhala kuti analembetsa kale, ku England amalola kuwonjezera kapena kusintha dzina loyamba la mwana pasanathe miyezi 12 chilembetsereni, umapita ku ofesi komwe unalembetsa kuja nkulipira kandalama. Kungoti ngati mufuna kutero chitani asanabatizidwe, akabatizidwa amatsata dzina la pa ubatizo

Mbuya wa ku Chipata: Koma gogo akapatsidwa mpata musadabwe akatcha Sanandifunse kkkk

Nachisale25: A Mbuya mukuwadziwa amayi anga inu eti? Mwana wa achimwene anamutcha Mwatitaya chifukwa anakhala zaka osabwera kumudzi, alamu anakwiya mwezi wathunthu, pano mwanayo timangoti Taya

Mai a Tadala: Taya nde likumveka lachizungu bwino, mwina ku America ayamba kutengera

Mfana wa ku Ndirande: taya wa galimoto kapena taya zinyalala?

Adimini: Chenjezo lachiwiri

Nachisale25: Abale mng'ono wanga waimba tsopano. Zonse zomwe mwanena ndi zomwezo, akuti anamva dzinali kwa mzimayi wina wa ku Jamaica amene amagwira naye ntchito, za woimba wa ku America sakuzidziwa nkomwe ndamuuza ine. Akuti anapita padera kawiri ife osadziwa, sanafune kutidandaulitsa, nde uyu atakhazikika anangoti ameneyu wachokera kumwamba. Ndalira abale. Ndamufunsa kuti nanga bwanji osangoti Mphatso kapena Chisomo kapena Talandira, akuti mayina amenewo pabanja pathu alipo kale atatuatatu ukaitana mmodzi amatembenuka onse, iye amafuna lake lake. Za dzina la agogo wavomera, akuti amaopa kuwafunsa chifukwa cha nkhani ya Mwatitaya ija

Mai wa Chigwirizano: Ayi ndamva. Mulungu amutonthoze, zopita padera ndi zowawa ndipo uli kutali ndi amako. Mukawauze amayi nkhani imeneyi kaye musanafike pa zilembo, muona dzina lomwe atche

Mbuya wa ku Chipata: Nde aphunzitsi mwaona, uthenga ulimo mu dzinali ngati mwa Misozi momwe, kungoti wakutidwa

Aphunzitsi Opuma: Ulimo a Mbuya, sindikana. Funso langa likadali loti ndani angaumve popanda kuuzidwa. Koma a Nachisale chinthu chimodzi chofunika, muuzeni aonetsetse kalembedwe pa setifiketi. Ambiri amalemba Neveah, e kutsogolo kwa a, chifukwa ndi mmene limamvekera, moti ku America kalembedwe kolakwikako nakonso kanafala pa ana ambirimbiri. Ukatembenuza Neveah umapeza haeven, mawu amene kulibe. Ndipo akadzabwera kuno kudzapanga za NRB kapena pasipoti ya Malawi adzachite kuimirira pamenepo kalaliki akulemba.

Nachisale25: Dikirani nditsegule chithunzi cha setifiketi chomwe ananditumizira. Analembetsa ndi alamu mng'ono wanga akadali kuchipatala

Nachisale25: Mayo ine. Palembedwa N-e-v-e-a-h

Mfana wa ku Ndirande: KKKKKKKK alamu atiphera kumwamba

Wa ku Joni: Amai a Chigwirizano mtima pansi tsopano, mwana sanatembenuze kumwamba, watembenuza haeven

Sisi wa ku Manchester: A Nachisale musamuuze mng'ono wanu usiku uno ali ndi mabala, muimbireni alamuwo pambali. Apite ku ofesi konkuja akafunse fomu yosinthira dzina, akakonze a ndi e yo nkuwonjezeratu la agogo ulendo umodzi asalipire kawiri. Ndipo ulendo uno alembe pa dzanja asananyamuke